Maphunziro, Ntchito ndi Mudzi: Mafuwa Atatu a Mphika Umodzi

Pali funso limene makolo ambiri amatifunsa ife aphunzitsi a madrasa, makamaka nthawi yotsegulira sukulu ikayandikira. Iwo amati: "Mwalimu, mwanayu ndimuvutitsirenji ndi sukulu, pamene anzake amene analemba Fomu 4 angokhala pamudzi pano, koma amene anathawa ali Sitandade 5 ndi amene akumanga nyumba zamalata?"

Funso limeneli si lachibwana ayi, ndipo kholo lolifunsa si mbuli. Likungonena zimene maso ake akuona. Koma kuti tiliyankhe bwino tiyenera kubwerera m'mbuyo, chifukwa zimene zikuchitika ku Mangochi, Machinga, Balaka, Salima ndi Nkhotakota sizinayambe dzulo. Maphunziro amene munthu walandira ndi amene amamusankhira ntchito. Ntchito imene anthu a pamudzi amagwira ndi imene imaumba maganizo a mudziwo. Ndipo maganizo a mudzi ndi amene amauza mwana ngati sukulu ili yaphindu kapena ayi. Zitatuzi zili ngati mafuwa: limodzi likapendekeka, mphika wonse umapendekeka.

Malonda anabweretsa cholembera

Ena amaganiza kuti Asilamu a m'dziko muno sanadziwe kulemba kufikira atabwera azungu. Izi si zoona. Cha m'ma 1840, Salim bin Abdallah, amene tonse timamudziwa kuti Jumbe, anakhazikika ku Nkhotakota. Cha m'ma 1870 mfumu Makanjira inalowa Chisilamu, ndipo mafumu ena a Chiyao monga Mponda ndi Jalasi anatsatira pambuyo pake. Mafumu amenewa ankachita malonda ndi anthu a kugombe, ku Kilwa ndi ku Zanzibar. Ankagulitsa minyanga ya njovu n'kumagula nsalu, mikanda, mfuti ndi wonga. Tisabise, m'malonda omwewo munalinso kugulitsa akapolo, chinthu chimene chinazunza anthu ambiri osalakwa.

Malonda a kutali amafuna kalata ndi kaundula. Choncho mafumuwo ankasunga alembi odziwa kulemba Chiswahili m'zilembo za Chiarabu, ndipo alembi omwewo ndi amene ankasonkhanitsa ana pakhonde n'kumawaphunzitsa Qur'an. Pambuyo pake mashehe monga Abdallah Mkwanda ndi Thabit Ngaunje anayenda m'midzi yambiri kuphunzitsa ndi kutulutsa amwalimu ena. M'masiku amenewo munthu wodziwa zilembo za Chiarabu anali wolemekezeka, ankakhala pafupi ndi mfumu, ndipo mawu ake ankamveka pabwalo. Apa tikuona kuti ntchito ya malonda ndiyo inaitana maphunziro, ndipo maphunzirowo anapatsa munthu malo pamudzi.

Khomo limene makolo athu anakana kulowa

Zinthu zinatembenuka amishoni atafika. A UMCA anayamba ku Magomero mu 1861, a Livingstonia ku Cape Maclear mu 1875, a Blantyre Mission mu 1876, ndipo a Dutch Reformed anafika ku Mvera mu 1889. Mishoni iliyonse inkamanga tchalitchi pamodzi ndi sukulu. Mu 1891 dziko lino linalowa m'manja mwa Angerezi, ndipo boma latsopanolo linathetsa mphamvu za mafumu amalonda aja. Chilankhulo cha m'maofesi chinakhala Chingerezi. Mwadzidzidzi, luso la mlembi wa kwa Makanjira linalibenso msika ku boma.

Boma la atsamunda silinafulumire kumanga sukulu zakezake. Linasiya ntchitoyo m'manja mwa mipingo, ndipo Dipatimenti ya Maphunziro inakhazikitsidwa mochedwa, mu 1926. Kotero kwa zaka zambiri, mwana wofuna kuphunzira Chingerezi ndi masamu analibe kwina kolowera koma kumishoni. Kumeneko cholinga chachikulu chinali kuphunzitsa Chikhristu, ndipo mwana wofuna kupitirira makalasi apamwamba kawirikawiri ankayembekezeka kubatizidwa ndi kusintha dzina.

Makolo athu anaona zimenezi ndipo ambiri anakana. Anasankha kusunga chikhulupiriro cha ana awo ngakhale zitatanthauza kutaya mwayi wa ntchito. Ife sitingawaseke kapena kuwanyoza, chifukwa pakanapanda kuuma mtima kwawo, mwina lero sipakanakhala mizikiti imene tikuswaliramo. Komabe chisankho chimenecho chinali ndi mtengo wake. Makalaliki a kwa DC, aphunzitsi, otanthauzira m'makhoti ndi othandiza madokotala ankachokera ku sukulu za mishoni. Asilamu ambiri anakhala matelala pakhonde la sitolo, akhukhi m'nyumba za azungu ndi amwenye, asilikali a King's African Rifles, alonda, asodzi ndi ogulitsa timalonda.

Zonsezi ndi ntchito za halaal ndipo palibe chochititsa manyazi. Vuto linali lakuti palibe imodzi mwa izo imene inkafikitsa munthu pamalo pogamulira zinthu. Sekondale yoyamba, Blantyre Secondary School, inatsegulidwa mu 1940, Zomba Catholic mu 1942, ndipo ya boma ku Dedza mu 1951. Ana olowa kumeneko anali amene anadutsa kale m'mapulaimale a mishoni. Pamene dziko linalandira ufulu mu 1964, ndiponso Yunivesite ya Malawi itayamba kuphunzitsa mu 1965, mipando inadzazidwa ndi anthu a masatifiketi. Pokambirana za komwe kumangidwe msewu, chipatala kapena sukulu, mawu a Asilamu ankamveka pang'ono kwambiri. Umo ndi momwe kusowa sukulu kunasandukira kusowa mawu.

Ntchito yosafunsa satifiketi

Boma la atsamunda linkafuna msonkho, ndipo msonkho unkafuna ndalama. Mwamuna wosaphunzira akanaipeza kuti? Njira inali ya kum'mwera: ku mafamu ndi migodi ya ku Southern Rhodesia, imene lero ndi Zimbabwe, ndiponso ku migodi ya golide ya ku South Africa kudzera mu Wenela. Kumeneko sankafunsa satifiketi. Ankangopima chifuwa ndi kuona mphamvu za m'manja. Ena anapita osabwerako, n'kukhala machona, ndipo mizikiti yambiri ya m'migodi ndi m'mafamu a ku Zimbabwe inayambitsidwa ndi anthu ochokera kuno kwathu.

Pofika kumayambiriro a zaka za m'ma 1970, Amalawi oposa 100,000 ankagwira ntchito m'migodi ya ku South Africa. Mu 1974 ndege yonyamula anthu a Wenela inagwa ku Francistown m'dziko la Botswana ndipo Amalawi 74 anafa, zimene zinachititsa Dr Kamuzu Banda kuimitsa ulendowo. Unayambiranso mu 1977 pansi pa dzina la Teba, koma unatha mu 1988.

Taganizirani zimene mwana wa pamudzi ankaona m'zaka zonsezo. Munthu wobwera ndi njinga, sutikesi, bulangeti ndi wailesi sanali wochokera m'kalasi, anali wochokera ku Joni. Iyeyo ndiye ankafunsira mbeta imene waifuna, iyeyo ndiye ankapatsidwa mpando pasadaka. Mwana saphunzira ndi makutu okha, amaphunzira kwambiri ndi maso. Tsono ngakhale Teba inatha, njira imene inalambulidwa m'mitima ya anthu siinatsekeke. Mpaka lero mabasi akunyamula anyamata kupita ku Johannesburg, Durban ndi Cape Town, ambiri mwa iwo asanamalize pulaimale.

Khomo linatseguka, koma mapazi akuzengereza

Tiyenera kuthokoza Allah kuti chifukwa chimene makolo athu ankaopera sukulu chinachepa kwambiri. Dziko litalandira ufulu, boma linatenga udindo waukulu woyendetsa maphunziro. M'zaka za m'ma 1980 mabungwe a Chisilamu anayamba kumanga sukulu zophunzitsa dini pamodzi ndi maphunziro a boma, monga Blantyre Islamic Mission, ndipo bungwe la African Muslims Agency, lotsogozedwa ndi Dr Abdul Rahman Al-Sumait wa ku Kuwait, linathandiza pa mizikiti, madrasa ndi ana amasiye. Mu 1994 Bakili Muluzi, Msilamu, anasankhidwa kukhala mtsogoleri wa dziko, ndipo chaka chomwecho boma linachotsa fizi m'mapulaimale. Chiwerengero cha ana a sukulu chinakwera kuchoka pa 1.9 miliyoni kufika pafupifupi 3 miliyoni. Mu 2021 atsogoleri a Chisilamu ndi a Chikhristu, mothandizidwa ndi Public Affairs Committee, anasainirana mgwirizano wolola atsikana a Chisilamu kuvala hijab m'sukulu za mipingo.

Kalembera wa mu 2018 anapeza kuti Asilamu ndi 13.8 pa anthu 100 alionse m'dziko muno, ndipo boma la Mangochi lokha linali ndi anthu oposa 1.1 miliyoni. Koma Mangochi ndi Machinga ali m'gulu la maboma amene anthu odziwa kulemba ndi kuwerenga ndi ochepa. Nanga popeza khomo linatseguka, chikutigwira miyendo n'chiyani?

Yankho lake n'lakuti chimene chikutulutsa ana m'kalasi tsopano si mantha a ubatizo koma ntchito zimene zawazungulira. M'mbali mwa nyanja, mnyamata wa zaka 13 akhoza kupita ndi asodzi usiku kukakoka chilimira, m'mawa n'kubwera ndi ndalama m'thumba pamodzi ndi usipa wa ndiwo. Mnzake amene anapita kusukulu wabwera ndi njala ndi homuweki. Pamsika pali kabaza. Pafoni pali zithunzi za mkulu wake ali ku Joni, wavala bwino, waima pafupi ndi galimoto imene mwina si yake. Bambo amene sanapite kusukulu sangathe kuona ngati mwana walemba zoona m'kope, ndipo mayi amene anakwatiwa ali ndi zaka 15 saona chachilendo mwana wake akamatomeredwa pa msinkhu womwewo. Choncho mphika umapendekekabe mbali yomwe ija.

Ndalama za lero ndi ndalama za mawa

Tsono tiyeni tiyang'ane bwinobwino ntchito zimene zikukopa ana athuzi. Nyanja si nkhokwe yosatha. Akuluakulu a ku Malombe akukumbukira kuti chambo chinali chambiri, koma pofika kumayambiriro a zaka za m'ma 1990 chinachepa kotheratu chifukwa cha kuchuluka kwa makoka a maso ang'onoang'ono. Asodzi akuchuluka, nsomba zikuchepa. Mwana amene tikumusiya kuti adalire nyanja yokha tikumupatsa chuma chimene chikutha.

Ku Joni nako, chikomekome cha mkuyu m'kati muli nyerere. Mnyamata wopanda mapepala ndiponso wosadziwa Chingerezi amalandira malipiro amene bwana wafuna, ndipo akapanda kulipidwa alibe kokadandaula. Amakhala mozemba apolisi. Mu 2008, mu 2015 ndi mu 2019 kunabuka ziwawa zothamangitsa alendo, ndipo abale athu ambiri anabwerera pa mabasi ali chimanjamanja. Amene amapeza bwino kumeneko kawirikawiri ndi amene anapita ndi luso m'manja, monga umakaniko, kuwotcherera kapena utelala, komanso otha kuwerenga pepala asanasaine.

N'zoona kuti achinyamata ambiri a MSCE ali pamudzi opanda ntchito. N'zoonanso kuti kuchuluka kwa ana kuyambira 1994 kunabweretsa mavuto ake: makalasi odzaza, ana ophunzirira pansi pa mtengo, ndi aphunzitsi osakwanira. Koma tilakwitsa tikamayesa phindu la sukulu ndi ntchito ya muofesi yokha. Maganizo amenewo ndi otsala a nthawi ya atsamunda, pamene sukulu inkaphikira boma makalaliki. Lero telala akufunika kuwerengera nsalu, ulusi ndi nthawi yake kuti asasoke mwaulere. Mayi wogulitsa usipa ku Limbe kapena ku Lilongwe akufunika kudziwa ngati wapindula atachotsa ndalama ya galimoto ndi ya msika. Mlimi akufunika kuwerenga muyeso wa mankhwala a mbewu. Ngakhale ndalama zochokera ku Joni zikubwera pafoni, ndipo munthu wosadziwa kuwerenga amapereka nambala yake yachinsinsi kwa wina, n'kuberedwa masana dzuwa likuswa mtengo.

Komanso si mwana aliyense amene adzapite ku yunivesite. Bungwe la TEVETA linakhazikitsidwa mu 1999 kuti liziyang'anira maphunziro a ntchito zamanja, ndipo kuli makoleji monga Nasawa, Soche, Salima, Namitete ndi Lilongwe Technical. Kuyambira 2015 boma linayamba kutsegula makoleji a ntchito zamanja m'maboma. Ukalipentala, zomangamanga, zamagetsi ndi zamipope ndi ntchito zimene midzi yathu ikuzifuna tsiku ndi tsiku. Koma pakhomo pa makoleji amenewa amafunsa satifiketi, ndipo mwana wothawa ali Sitandade 5 amabwerera pageti.

Mwana wamkazi

Nkhaniyi imapweteka kwambiri tikafika pa atsikana. Ambiri mwa ife timafuna kuti mkazi wathu akapita kuchipatala kukachira athandizidwe ndi namwino kapena dokotala wamkazi. Timafuna kuti ana athu aakazi aziphunzitsidwa ndi aphunzitsi odziwa ulemu wa hijab. Kodi anthu amenewa adzagwa kuchokera kumwamba? Ngati mudzi uliwonse ukwatitsa atsikana ake ali Sitandade 6, namwino ameneyo adzachokera m'nyumba ya yani?

Chizolowezi cha chitomero, chimene mnyamata ali ku Joni amatumiza foni ndi zovala kwa mtsikana wa kusukulu makolo n'kulandira, chikuzula ana ambiri m'kalasi. Mtsikanayo amakwatiwa, mwamuna amabwerera kum'mwera, ndipo nthawi zina zaka zimadutsa osamveka. Amatsala ndi mwana kumbuyo, wopanda satifiketi ndi wopanda luso. Makolo adziwe kuti lamulo la maukwati la mu 2015 linaika zaka 18 ngati msinkhu wokwatira, ndipo mu 2017 Nyumba ya Malamulo inasintha malamulo aakulu a dziko kuti agwirizane ndi zimenezi. Adziwenso kuti kuyambira 1993 mtsikana amene anasiya sukulu chifukwa cha pakati amaloledwa kubwereranso akabereka. Kugwa kamodzi si kutha kwa ulendo. Agogo ndi azakhali angathe kulera khanda masana kuti mayi wake amalize.

Madrasa ndi sukulu si adani

Pali ena amene amanenabe kuti maphunziro a kusukulu ndi a dunia, ndipo Msilamu akwanitsidwe ndi madrasa. Mbiri ya Mtumiki Muhammad (madalitso ndi mtendere zikhale pa iye) siigwirizana nawo. Itatha nkhondo ya Badr m'chaka cha 624, ena mwa akaidi a ku Makka amene analibe chuma chodziwombolera anapatsidwa mwayi woti aliyense aphunzitse ana khumi a ku Madina kulemba, kenako amasulidwe. Aphunzitsi amenewo sanali Asilamu. Mtumiki analamulanso Zaid bin Thabit kuti aphunzire kalembedwe ka Ayuda kuti azimuwerengera ndi kumulembera makalata. Ngati Zaid anaphunzira chilankhulo cha anthu ena pofuna kutumikira Asilamu, mwana wathu alakwa chiyani pophunzira Chingerezi?

M'madrasa timaona kuti mwana wozolowera kuloweza ma surah savutika kusunga zinthu m'mutu kusukulu, ndipo mwana wodziwa kuwerenga Chichewa amatha kudziwerengera yekha tanthauzo la Qur'an m'chilankhulo chake. Malamulo a zakaat ndi a kagawidwe ka chuma cha masiye sangatheke popanda masamu.

Mbali inayi, sukulu payokha siikwanira. Mu 2013 dziko lino linagwedezeka ndi nkhani ya Cashgate, pamene ndalama za boma zankhaninkhani zinabedwa ku Capital Hill. Amene anachita zimenezo sanali osaphunzira. Anali odziwa kompyuta ndi mabuku a ndalama, koma opanda mantha ndi Mulungu. Dziko likusowa akauntanti amene sangasinthe nambala, namwino amene sangagulitse mankhwala a odwala, ndi wapolisi amene sangatambasule dzanja pamsewu. Madrasa imaphunzitsa amana, kukhulupirika pa chinthu chimene wasungitsidwa. Sukulu imafikitsa munthuyo pamalo pamene amana imeneyo ingathandize anthu ambiri.

Tichitepo chiyani?

Mutu umodzi susenza denga, choncho aliyense ali ndi mbali yake. Ife amwalimu tiike nthawi ya madrasa masana ana ataweruka, ndipo tizifunsa mwana aliyense ngati anapita kusukulu m'mawa. Mwana amene wabwera ku madrasa koma wajomba kusukulu tisamuyamikire, tikaonane ndi makolo ake.

Mafumu, angaliba ndi anankungwi aonetsetse kuti jando ndi nsondo zikuchitika pa holide ndipo zikutha sukulu isanatsegulidwe. Malangizo a kumeneko asamapatse mwana maganizo akuti wakula ndipo kalasi yamuchepera.

Makomiti a mizikiti akhale ndi kaundula wa ana amene asankhidwa kupita ku sekondale koma akusowa yunifolomu, makope kapena ndalama yoyendera. Gawo la zakaat ndi sadaka lipite kumeneko. Timatha kusonkha mpunga ndi mbuzi za sadaka ya masiku 40. Sitingalephere kusonkhera mwana wamasiye amene malemuyo wasiya.

Abale amene muli ku South Africa, musanatumize foni yachiwiri, tumizani kaye zofunika kusukulu za mng'ono kapena mlongo wanu. Ndipo mukabwera, auzeni anawo zoona zake za moyo wa kumeneko, osati zokoma zokhazokha.

Asilamu amene Allah anakudalitsani ndi maphunziro, aphunzitsi, anamwino, maloya, amakaniko ndi ena, musathawe kwanu. Bwerani pa Jumu'ah kumudzi, imani pamaso pa ana, aone kuti munthu angathe kukhala ndi digiri n'kumaswali kasanu patsiku. Monga tanena, mwana amaphunzira ndi maso. Zimene sutikesi ya Wenela inachita m'mitima ya ana a kale, inu mungazichite kwa ana a lero.

Pomaliza, inu bambo ndi inu mayi, ngakhale simunapite kusukulu, muli ndi mphamvu yaikulu. Mudzutseni mwana m'mawa. Muuzeni akuonetseni kope lake ndi kukuwerengerani zimene walemba. Pitani ku misonkhano ya makolo ndi aphunzitsi, ndipo lolani kusankhidwa m'komiti ya sukulu. M'mera mpoyamba.

Makolo athu anakana sukulu kuti asunge dini, ndipo anaisungadi. Ife tapatsidwa nthawi imene tingathe kukhala nazo zonse ziwiri, ndipo tidzafunsidwa za mmene tinagwiritsira ntchito mwayi umenewu. Tikupempha Allah kuti awapatse ana athu maphunziro aphindu, riziki la halaal ndi mitima yokonda kwawo. Ameen.